Tinajambula suti, nkhokwe tinaikokera kuseri

Lachiwiri lapitali ndinkakolopa m'chipinda cha agogo ena kunyumba yosamalira okalamba ku Joondalup, dera la mzinda wa Perth kuno kunja, komwe ndimagwira ntchito. Agogowa kwawo ndi ku Norway, ndipo masiku ano amaiwala ngakhale dzina la mwana wawo. Mwanayo anabwera ndi filimu yakale ya kumudzi kwawo.

Ndinaimika mopu n'kumaonera nawo. Anthu akuyanika udzu pa mawaya, mabuluku ong'ambika m'mawondo. Mayi wina, manja ali bii, akuitana ng'ombe paphiri ndi nyimbo. Mwadzidzidzi agogo aja anayamba kuimba nawo, osaphonya liwu.

Ndinatuluka kukalirira panja. Sichinali chisoni chokha ayi, unali mkwiyo.

Nafenso filimu tili nayo. Ndalama za ntchito yawo ya kumgodi zitayamba kulowa, malemu amuna anga anagula kamera, tinapita nayo kwawo ku Ntcheu. Tinapeza apongozi anga akuluka nkhokwe, nsungwi zili mbwee pabwalo, akuimba kanyimbo kawo ka pantchito.

"Bambo, siyani kaye zimenezo, kavaleni suti ija," anatero amuna anga. "Anthu ku Perth aziti tikukuzunzani."

"Nanga nkhokweyi?" anafunsa apongozi.

"Tiikokere kuseri, ikuwononga chithunzi," anayankha alamu anga.

Ndiye filimu yathu ndi ya anthu ataima ndandanda kutsogolo kwa nyumba ya malata, ali njo ngati asilikali.

Apongozi anatisiya. Amuna anga anawatsatira chaka chatha, mtima utaima ali kumgodi kumpoto uko. Posachedwapa mwana wathu Takondwa, wokulira kuno, anandifunsa m'Chingerezi chake chija kuti agogo ake ankagwira ntchito yanji. Ndinamuikira filimu. Anayang'anitsitsa suti ija n'kufunsa ngati anali abusa.

Ndinayesa kumufotokozera nkhokwe ndi basiketi yochapira zovala. Anangogwedeza mutu kuti andisangalatse. Kanyimbo kaja ankakadziwa ndi bambo ake, ine ndimangokumbukira poyambira. Madzi akatayika sawoleka.

Anzanga, tikujambula chiyani? Pitani kuphwando lililonse la anthu akwathu ku Maddington, kuno ku Perth, mafoni ali m'mwamba: galimoto yatsopano, keke, nsapato. Pamaliro a amuna anga bokosi analijambula mbali zonse. Koma ndani mwa ife anajambulapo mayi ake akuzira nyumba kapena akufutsa mfutso? Timati umenewo ndi umphawi, tisadzichititse manyazi.

Kodi a ku Norway aja anali olemera? Mawondo awo ndinawaona ndi maso anga. Kungoti wojambula wawo sanauze munthu kuti akasambe kaye.

Mukamapita kumudzi Khirisimasi ino, asiyeni akuluakulu ndi fumbi lawo. Kamera iyang'ane manja.

Kwa ine zinatha. Ndikadzagona pabedi ngati la agogo aja, mayina atandithawa, Takondwa adzandiikira filimu ya suti. Ndidzaimba nawo chiyani?