Chala cha Mayi Nambewe ndi Msilikali Amene Anaponya Uta

Lachiwiri lapitali, kuchipatala chimene ndimagwira ntchito ku Midland, kuno kunja kwa dziko lathu, madokotala anzanga anandipempha kuti ndikalankhule ndi wodwala wina m'Chichewa. Ndinayang'ana dzina la wodwalayo. Anali Mayi Nambewe a m'dera la Balga, a mumpingo mwathu, amene amanditcha mwana wawo.

Matenda a shuga anali atawononga chala chawo chakuphazi, ndipo chikanasiyidwa, mwendo wonse ukanapita. Iwo anali atakana kale opaleshoni yodula chalacho, ati akudikira pemphero. Tsono ine, mwana wadzulodzuloli, ndikanayambira pati?

Ndinathawira m'chipinda chomwera tiyi, momwe ndinapeza mnzanga Dokotala Meera, wochokera ku India. Atamva nkhani yanga anaseka, n'kunena kuti vuto langali ndi lakale kuposa chipatala chilichonse. Anati m'nkhani zamakedzana za Chihindu muli msilikali wina wolimba mtima amene atafika kunkhondo anapeza kuti mbali inayo kuli abale ake ndi aphunzitsi ake. Atawaona, uta anauponya pansi. Woyendetsa galeta lake ndiye anamulangiza kuti agwire ntchito imene wapatsidwa ndi mtima woyera, zotsatira zake asadzisenzetse.

"Iwe sukukabaya munthu," anatero Meera. "Ukukapulumutsa mwendo. Ukuopa chiyani?"

Ine ndine Mkhristu, koma mawuwo analowa. Ndinapita, n'kugwada pambali pa bedi, ndipo ndinawafotokozera zonse mosazungulira. Nditamaliza, iwo anati:

"Mwana wanga, bwanji sunabwere kale? Anzakowa amalankhula ngati ali ndi mbatata yotentha m'kamwa. Chala chimodzi basi? Zinazo zindikwanira."

Tinaseka mpaka namwino anasuzumira pakhomo. Kenako tinapemphera limodzi, ndipo Lachinayi opaleshoni inayenda bwino. Dzulo ndinawapeza akulimbana ndi wowaphunzitsa kuyenda, ati afulumire chifukwa iwo akufuna kukavina pa ukwati wa mdzukulu wawo.

Ife Amalawi ulemu timayamwira kubere, ndipo n'chuma chathu. Koma n'kangati timabisa zoona n'kumati ndi ulemu, pamene ali mantha chabe? Paja amati wakutsina khutu ndi mnansi.

Inu madokotala ndi anamwino anzanga, m'wodi mwanu muli wamkulu uti amene mukungomupatsa moni wokoma, pamene iye akudikira kuti mumuuze zoona?