Chilomwe cha Mayi Ogulitsa Tomato ku Ntaja

Ntchito yanga ndi yovuta kuifotokoza kwa abale. Ndimafufuza zimene zimachitika m'mutu mwa munthu akagwidwa ndi mizimu, akalota chinthu n'kuchitikadi, kapena akakomoka n'kutsitsimuka akunena kuti anali kwina. Kwathu ku Phalula ena amandiyesa sing'anga wovala tayi. Amayi anga, Akatolika osaphonya Misa, amangoti, "Mwana wanga amayenda n'kumafunsa anthu mafunso," ndipo sanama.

Chaka china mnzanga amene ndi namwino ku Machinga anandiimbira foni. Anati ku Ntaja kuli mayi ena ogulitsa tomato pamsika omwe amagwa mwadzidzidzi n'kuyamba kuyankhula Chilomwe. Chodabwitsa chinali chakuti mayiwo ndi Ayao, ndipo akakhala bwinobwino Chilomwe sachimva ngakhale moni. Ndinanyamuka.

Amuna awo, bambo ofatsa opalasa kabaza, anandiyalira mphasa pakhonde.

"Ashehe anawerenga mapemphero a dua, lubani tinafukiza," anatero. "Akuti ndi jini. Koma jini lake ndi laulemu. Silimenya munthu, silipempha nkhuku. Limangoyankhula basi."

Mayiwo anaseka mwamanyazi. "Ine sindidziwa kanthu, achimwene. Ndimangodzidzimuka anthu atandizungulira, tomato ali mbwee."

Anandilola kuti ndizikhala pafupi ndi benchi yawo masiku a msika, ndiponso kuti zikachitika ndijambule mawu pafoni. Ndinadikira mpaka ogulitsa anzawo anayamba kundituma kuti ndiwayang'anire katundu. Tsiku lina masana, dzuwa likuswa mtengo, mwana amene anali kumbuyo kwa kasitomala wina analira mosatonthozeka. Mayi aja anasiya kulongedza tomato, anakhala pansi, n'kuyamba kugwedezeka pang'onopang'ono. Maso anali otsegula koma sankaona aliyense. Mawu amene anatuluka sanali awo ayi: anali osasa, a munthu wachikulire, ndipo pakatipakati ankatsokomola. Zitachitikanso sabata ina, panalinso mwana wolira. Ndinafunsa anzawo a pamsika ngati nthawi zonse pamakhala mwana wolira, iwo n'kuyang'anana. Palibe amene anali ataganizirapo za ana.

Ine Chilomwe ndimangotolako pang'ono, koma amayi anga anakulira m'nyumba ya Alomwe. Ndinawapeza ku Phalula akutonola chimanga, ndipo ndinaika foni pamwamba pa dengu. Mumtima ndinkayembekezera maulosi, kapena madandaulo a munthu wakufa.

"Tabwereza," anatero amayi. Atamvetseranso anapukusa mutu. "Akuti: khala chete, amako apita kumadzi, abwera posachedwa. Tsegula pakamwa, phala likuzizira."

"Basi?"

"Basi. Koma ndi Chilomwe chenicheni, cha akuluakulu. Uyu akunyengerera mwana."

Ndinabwerera ku Ntaja n'kufunsa mayi aja ngati analeredwapo ndi Mlomwe. "Iyayi," anayankha. "Ndinabadwira kuno, ndinakulira kuno." Koma anandilozera kwa alongo awo aakulu, atelala amene ankasokera pakhonde la sitolo pafupi ndi mzikiti. Abambowo atamva funso langa anaimitsa makina.

Anati mlongo wawoyo atangoyamba kuyenda, amayi awo anadwala chifuwa chachikulu n'kugonekedwa m'chipatala nthawi yaitali. Bambo awo anasowa pogwira, ndipo anatenga mwanayo kukamusiya ku Utale, kwa mnzawo amene ankagula naye mbuzi. Mkazi wa mnzawoyo anali Mlomwe, Mkhristu. Amayi atachira, mwana anakatengedwa. Achibale anawadzudzula kwambiri bambowo chifukwa chosiya mwana kwa anthu osakhala Asilamu, moti nkhaniyo sinatchulidwenso pakhomopo.

Nditawafotokozera mayi aja, sanalire kapena kukwiya. Anangofunsa kuti, "Ku Utale n'kutali?"

Tinapita atatu, ine, iwo ndi amuna awo, pa minibasi mpaka ku Balaka, kenako pa njinga zamoto. Titafunsafunsa tinapeza khomo lake, lozunguliridwa ndi mapesi ndi khola la mbuzi. Mayi amene tinkawafuna anali atamwalira kalekale. Anatilandira ndi mwana wawo wamkazi, nayenso wa imvi kale. Ndinafotokoza chimene tinadzera, n'kutsegula foni.

Mayi a ku Utale anagwira pakamwa. "Amenewo ndi amayi anga," anatero. "Ngakhale katsokomoledweko." Kenako anatembenukira kwa mlendo wawo n'kumuyang'anitsitsa. "Ndiwe kamwana kolira kaja? Unkakana phala, ine ndinkakubereka popita kuchigayo."

Anagwirana manja nthawi yaitali, akucheza m'Chichewa, ife amuna titakhala pamthunzi.

Pobwerera, tikudikira minibasi, amuna a mayi a tomato aja anandiyandikira. "Ndiye kuti si jini," anatero. "Ndi mzimu wa malemu aja."

Ndinawauza maganizo anga: kuti mwana wamng'ono amasunga zimene wamva ngakhale iye mwini aiwale, ndipo kulira kwa mwana wina kumatha kuzidzutsa.

"Chabwino, mawuwo asunge. Nanga chifuwacho?"

Ndinati mwina ndi kutsanzira, pakuti mwana amameza zonse pamodzi. Anagwedeza mutu mwaulemu, koma ndinaona kuti sanakhutire. Kunena zoona, nanenso sindinakhutire kwenikweni. Mpaka lero ndimadzifunsa kuti mawu amakhala pati m'thupi la munthu zaka zonsezo, mwini wake osawadziwa.

Mayi aja sanasiye kugwa, ngakhale amuna awo amati masiku ano zimachitika mwa apo ndi apo. Chimene chinasintha n'chakuti ali ndi abale ku Utale. Nthawi yokolola amapitako ndi dengu la tomato, n'kubwerako ndi nandolo. Ulendo wanga womaliza ku Ntaja anandipatsa moni m'Chilomwe, ali maso, n'kuseka okha poona kuti lilime likuwakanika.