Tsiku limene ndinalowa m'bokosi la a Namakhwa

Ndikukumbukira phokoso la mchenga m'chitini: shiii, shiii. Umu ndi mmene kanema wa a Namakhwa ankayambira. Nthawi imeneyo m'Malawi munalibe wailesi ya kanema. Iwo anakaiona ku Joni, n'kubwerako ndi chibokosi chake chokha, chopanda galasi, chopanda mawaya. Loweruka masana ankachikhazika pampando kuseri kwa msika wa Muloza, n'kulowetsamo mutu. Ankawerenga nkhani yoti lero kulibe nkhani. Ankalosera mvula ya dzulo. Pena ankadukiza pulogalamu kuti apepese chifukwa chodukiza pulogalamu.

Ine ndinali mwana wamasiye, woleredwa ndi agogo, wosatsegula pakamwa pagulu. Komabe ndinkalakalaka kulowa m'bokosimo kuti anthu amveko mawu anga. Ndinakonza nyimbo, n'kumaiyeserera ndekha m'minda ya tiyi.

Tsiku limene anandilola, a Namakhwa anandinong'oneza kuti, "Usaimbe, mphwanga. Uzingowayang'ana."

"Nanga nyimbo yanga?"

"Lero kanema ndiye aonere anthu."

Ndinangoti duu, thukuta likulowa m'maso, nyimbo ili pakhosi. "A Namakhwa, mabatire atha!" anakuwa bambo wina. Mayi wogulitsa nanazi anabwera n'kumenya bokosilo m'mbali kuti liyankhule. Misozi ya mkwiyo itayamba kutsika, anthu anagwa nako kuseka. Koma nditapitiriza kuwayang'ana, kuseka kunazilala. Wina anakonza chitenje, wina anacheuka. Kumbuyo kunali kutaima anyamata awiri a chipani, amene aliyense ankawaopa masiku amenewo.

"Mwanayu wakhala chete pofuna kunena chiyani?" anafunsa mmodzi wa anyamatawo.

Anthu anabalalika, ndipo anyamatawo analanda bokosi lija.

Ndinawasungira chakukhosi a Namakhwa kwa zaka zambiri, poganiza kuti anandichititsa manyazi. Lero ndimamvetsa kuti nyimbo yanga bwenzi itaiwalika madzulo omwewo. Iwo anaona kuti kukhala chete kwanga, kumene ine ndinkadana nako, kunali kofanana ndi kwa msika wonse, umene unkaopa kuyankhula.

Mmawa mwake, bokosi lija litalandidwa, a Namakhwa anaima pakhomo pathu atamanga katundu panjinga, ali pa ulendo wowoloka malire kupita ku Milange pothawa a chipani. Ndinakana kuwapatsa moni. Anavula tayi yawo yofiira, n'kuiika m'dzanja langa.

"Nyimbo ija udzaimbe likadzabwera bokosi lenileni," anatero, n'kupalasa njinga.