Mmene Tinasakira Mudzi Wathu mu Kompyuta ya Amalume

Mausi ya amalume inali yomanga ndi mphira wa chubu cha njinga. Waya unali utathyoka pakhosi penipeni, ndiye iwo anangolumikiza tinsambo tam'katimo n'kukulunga mphira, basi, ntchito n'kumapitirira. Ukaigwira, dzanja linkanunkha tayala mpaka madzulo. Batani lakumanzere linkafuna ulikanikize ngati ukupha nsikidzi, apo ayi silimva. Ine lero mafoni ndiye moyo wanga, ndimadzuka nawo, ndimagona nawo, anthu amandipeza pamsika kuti ndiwasamutsire zithunzi ndi manambala kuchoka mu foni yakufa kupita mu yatsopano, ndipo palibe sukulu inandiphunzitsa zimenezi. Koma mukandifunsa kuti zinayambira pati, ndikuuzani kuti pa mausi yonunkhayo, feriyasi ina ya dzinja, sukulu titatsekera, ndili kamtsikana ka mu kalasi yachisanu.

Amalume, alongo awo a amayi, anali ndi baraka, kasitolo ka malata, pamsewu wotsikira ku mlatho wa mtsinje wa Muloza, kufupi ndi malire. Ntchito yawo inali kubena nyimbo ndi mafilimu m'mamemori a anthu. Akabaza, onyamula katundu pamalire, amayi ogulitsa nyemba, onse ankadutsira pamenepo. Kompyuta yake inali chibokosi chachikulu, cholira ngati chigayo chakutali, ndipo chilichonse m'menemo chinali mu Chipwitikizi. Mvula ikamagwa pamalata paja simukanamvana. M'kati munkanunkha fumbi lotentha ndi makoko a mango.

Feriyasi imeneyo kunyumba kwathu kunabwera mng'ono wanga, mwana wa mayi aang'ono. Iwo ankakhala kutsidya, ku Muloza, ndipo mwanayo sukulu ankaphunzira ya ku Malawi. Mayi aang'ono anali atadwala, ndiye amayi anakawatenga n'kuwagoneka m'chipatala kuno ku Milange kuti azitha kuwapititsira phala. Mwanayo anangomusiya m'manja mwanga. Anali wofatsa mwakuti ine, amene pakamwa panga sipanatsekepo chibadwire, ndinkalankhula za anthu awiri. Amayi akanyamuka ndi dengu kupita kuchipatala, ankatisiya kubaraka, n'kunena mawu omwewo tsiku lililonse: "Musakawasowetse mtendere amalume anu."

Mu kompyutamo munali gemu imene inabwera nayo pogula. Amalume sankaidziwa n'komwe dzina. Inali ya timabokosi: umakumba dothi, kudula mitengo, n'kumanga chimene ukufuna. Masana kukakhala zii, iwo ankatuluka kukakhala pabenchi panja n'kutiuza kuti, "Mainjiniya, ofesi ndi yanu." Ine ndinkagwira kiyibodi, mng'ono wanga mausi, titakhala pa mipando iwiri yogundana.

Ine zanga zinali zopusa. Ndinakumba dzenje lalitali n'kugweramo, ndinawotcha nkhalango, ndinamanga mlatho wopanda apolisi kuti ndiziwoloka mmene ndafunira. Koma mng'ono wanga ankamanga chinthu chimodzi chokha, tsiku ndi tsiku: nyumba ya mazenera ambiri, pamwamba pa kaphiri. Khoma lililonse zenera, zenera, zenera. Ndinamuseka kuti nyumba yakeyo akuba sadzavutika nayo. Anangoti, "Bedi la amayi kuchipatala lili kutali ndi zenera." Anaika bedi lofiira pakona pamene dzuwa la mu gemu linkalowera, n'kudzala maluwa kunja kwake. Chipinda chimenecho sankandilola kulowamo. Ndikangoyandikira, ankandimenya dzanja ndi mausi yomweyo.

Ndiye zinthu ziwiri zinagwa sabata imodzi.

Choyamba, kompyuta inadwala. Memori ya munthu wina inabwera ndi vairasi, ndipo nyimbo zimene amalume ankabena zinayamba kusanduka tizithunzi tokhala ndi kamuvi pakona, m'kati mulibe kanthu. Bambo wina anapalasa njinga kuchokera ku Mongue kudzangowakalipira: wafika kwawo, waika memori mu wailesi, anthu asonkhana, zii. Amalume anatukwana mu Chilomwe, chimene ankachita pokhapokha zikawavuta kwambiri, n'kunena kuti chibokosichi achimangirira panjinga apite nacho kutsidya akachifomate. Ndinafunsa kuti kufomata n'chiyani. "Kusesa nyumba yonse, mpaka mphasa," anatero.

Chachiwiri, amayi anabwera kuchokera kuchipatala n'kunena kuti mayi aang'ono awatulutsa, akukapumira kumudzi kwa agogo ku Molumbo, ndipo mwana apita nawo. Ine ndinavina pabwalo. Mng'ono wanga anangofunsa chinthu chimodzi, ndipo anafunsa ine, osati amayi: nanga nyumba ija?

Ndinamuuza kuti asadandaule, ine ndi katswiri. Ndinali nditaonerera amalume akubena nyimbo kambirimbiri. Ndinatenga memori yakale imene inali mu kachitini ka pa tebulo, n'kuilowetsa, n'kugwira kachithunzi ka gemu kamene tinkadina pa sikirini, n'kukakokera mu memori. Sizinatenge ndi kuphethira komwe. Ndinamupatsa m'manja ngati ndikumupatsa makiyi a galimoto. Lero ndikaona munthu wamkulu ndi ndevu zake wachita zomwezo, wakopera kachithunzi n'kumati wasunga zonse, sindimuseka ayi. Ndimamupatsa mpando.

M'mawa mwake linali tsiku la msika, tsiku limene baraka inkadzaza mpaka panja. Amalume anati agwira ntchito yomaliza ndi mamemori atsopano okha, madzulo chibokosi chiwoloke. Ine ndi matama anga ndinawaonetsa zimene ndachita. Anailowetsa memori ija, n'kuyang'ana, n'kuyang'ananso.

"Iwe, mudzi wonse uja, ndi phiri lake, ndi mtsinje, ungapepuke kuposa nyimbo imodzi?"

Anandilozera kamuvi pakona ya kachithunziko. Kamuvi komwe kaja ka nyimbo zopanda kanthu. "Ichi ndi chikwangwani chabe. Mwanyamula chikwangwani cha sitolo, sitolo mwaisiya."

Mng'ono wanga sanalire. Anangoika manja pakati pa mawondo n'kuyang'ana pansi. Amalume anamuyang'ana nthawi yaitali. Kenaka anadzuka, n'kukoka chitseko cha malata, n'kuchitseka ndi waya cham'kati. Tsiku la msika, anthu inu. Amene munachitapo geni mukudziwa chimene ndikunena.

Tinayamba kusaka. Foda ife tinkati pasta, monga mmene kompyutayo inkalembera. Tinatsegula pasta ya Documentos, munali makalata a mwini wake wakale ndi zithunzi za ukwati wa anthu osawadziwa. Tinatsegula pasta imene munali gemu yeniyeniyo, munali mafayilo mbwee, koma dzina la mudzi wathu munalibe. Anthu ankagogoda. "Achimwene, muli m'katimo, tikumva chigayo chanucho." Iwo ankangoyankha kuti tatseka, bwerani mawa.

Ndiye anatulutsa foni yawo, imene inali ndi simu ya ku Malawi chifukwa netiweki ya kutsidya inkagwira bwino pamalirepo. Anaima pa mpando, dzanja m'mwamba pafupi ndi malata, mpaka tsamba lofotokoza kumene gemuyo imasunga midzi linatseguka. Zonse zinali mu Chingerezi. Amalume Chingerezi chawo chinali cha mayina a mafilimu, changa chinali cha moni. Anamupatsa mng'ono wanga. Mwana amene sankamveka mawu tsiku lonse anayamba kuwerenga mokweza, chala pa galasi, liwu limodzilimodzi, ine n'kumafunafuna lofanana nalo mu Chipwitikizi pa kompyuta. Tinayenda bwinobwino mpaka pa pasta ya dzina la mwini kompyuta. Foni inkati m'menemo muli pasta ina yotchedwa AppData. Munalibe. Tinawerenga mndandanda wonse kuchokera pamwamba, n'kubwerezanso kuchokera pansi. Munalibe.

Mvula inayamba, ija ya madontho akuluakulu. Wina anagogoda mosiyana ndi ena onse, n'kunena kuti sakufuna nyimbo, akungopempha pobisala. Anali aphunzitsi anga, amene ankaimbitsanso kwaya kutchalitchi, atanyowa theka, nsapato m'manja. Ine ndinafuna kulowa pansi pa tebulo, chifukwa anandipeza ndikusewera gemu. Koma atamva nkhani yonse anangopukuta magalasi awo n'kuseka. Anati kuseminale kumene anaphunzira pang'ono makompyuta anawauza kuti makinawa ali ngati mayi wa ana ambiri, shuga saika poonekera. Anagwira mausi, n'kuinunkhiza, n'kuyang'ana amalume.

"Iyi mumaipopanso?"

"Ikaphwa, aphunzitsi."

Anapita pamwamba pa sikirini, n'kuchonga kabokosi kolembedwa kuti itens ocultos, zinthu zobisika. Ndipo pasta ija inangotulukira pamalo pomwe tinayang'ana kambirimbiri paja, yotuwa ngati yasuluka ndi dzuwa. Inalipo nthawi yonseyi. Mpaka lero ndikakumbuka tsitsi limandiimirira.

Koma m'kati mwake munali mapasta enanso ambirimbiri, mayina ake osawerengeka, ndipo foni inali itataya netiweki ndi mvula ija. Aphunzitsi anati apa pokha nzeru zawathera. Amalume anakanda m'mutu, kenaka anati nkhuku yoikira kutchire sumaifunsa, umaidikira ikapite, n'kuitsatira. Anamuuza mng'ono wanga kuti atsegule gemu, aike kanthu kamodzi kokha, n'kutseka. Iye anadzala duwa lina pansi pa zenera la chipinda chija. Atatseka, amalume anasanja mapasta aja potsata nthawi imene asinthidwa, mmene ankachitira akafuna nyimbo zimene alowetsa kumene. Imodzi inalumphira pamwamba. M'kati mwake inanso inalumpha. Tinaitsatira choncho, khomo ndi khomo, mpaka tinafika pa kapasta kolembedwa dzina limene mng'ono wanga anapatsa mudziwo: Kwathu.

Amalume anakakopera mu memori yatsopano, ya mu pepala lake, osati yakale ija. Ulendo uno kamzere kobiriwira kanayenda pang'onopang'ono, ndipo tonse tinakaonerera ngati mpira. Ine ndinati basi, tathana nazo. Amalume anati ayi, bambo wa ku Mongue uja anawaphunzitsa kuti chinthu usanachiyese usamati wachisunga. Anachotsa kapasta kaja pamalo pake n'kutsegula gemu.

Mudzi kunalibe. Mndandanda unali mbee.

Ndinamva mng'ono wanga akukoka mpweya. Zala zake zinandigwira pamkono mpaka zikhadabo zinalowa. Amalume anatenga za mu memori zija n'kuzibwezera pamalopo, n'kutsegulanso. Kaphiri kaja, mlatho wanga wopusa uja, mazenera onse, ndi duwa limene anali atangodzala kumene. Aphunzitsi anaomba m'manja kamodzi, n'kuyamba kuvala nsapato. Ndipo mng'ono wanga anandipatsa mausi n'kunena kuti ndikhoza kulowa m'chipinda chija, bola ndisakhudze bedi.

Madzulo chibokosi chinawoloka mtsinje wa Muloza chitakulungidwa m'pepala la pulasitiki, chitamangidwa pakaliyala. Memori ija amayi anaikulunga m'kapepala ka shuga n'kuisokerera mumpendero wa diresi la mng'ono wanga, akung'ung'udza kuti anthu akulu atha tsiku lonse ndi zidole. Koma anasoka kawiri.

Galimoto inabwera m'mawa, ya lole yaing'ono, kumbuyo atayala matiresi. Mayi aang'ono anawanyamula anthu awiri. Anali atachepa ngati mwana, koma anandimwetulira, ndipo ine ndinawauza nkhani yonse ya pasta yobisika mothamanga, ndi manja omwe, mpaka amayi anandikoka phewa. Mng'ono wanga anakhala pambali pawo, dzanja limodzi litagwira mpendero. Ndinamufuulira kuti akafika akawaonetse chipinda chawo. Ndinafunsa amalume ngati mng'ono wanga akatha kubwezera yekha pasta ija pamalo pake, poti njira ija inali yaitali. Anati, "Akatha. Waona mmene amawerengera."

Amalume anamwalira ndisanawathokoze bwinobwino, ndipo zimenezi zimandiwawa. Mng'ono wanga pano ndi mayi wa ana awiri, timachezerana pa foni pafupifupi tsiku lililonse, iye mawu atatu, ine mavoisi a mphindi zambirimbiri. Ndamupempha kangapo kuti anditumizire memoriyo ndione ngati ikadali yamoyo. Amati ili bwino pomwe ili.

Tsiku limene lole inanyamuka lija ine ndinabwerera kunyumba ndikudumpha zithaphwi, ndikuuza aliyense panjira kuti mayi aang'ono achira, awatulutsa. Sindinkadziwa kuti kumudzi kwa agogo kulibe magetsi, ndipo kompyuta yapafupi inali yomweyi tinaitsanzika. Sindinkadziwanso chimene akuluakulu amatanthauza akati wodwala akapumire kumudzi. Amalume ankadziwa zonse ziwiri pamene ankatseka chitseko chija.