Mayi Wochapa Malaya Amodzimodzi

Ndangotsegula paketi ya sopo wa ufa, ndipo fungo lake landibwezera ku Ngala, pakhonde pa golosale ya a Saidi. Pamenepo ndi pamene panali TV yokhayo m'mudzi mwathu, yoyendera batire ya galimoto.

Nkhani zikangotha, pankatulukira mayi wina atanyamula malaya oyera othimbirira ndi msuzi pachifuwa. Ankawaviika m'beseni la thovu n'kuwatulutsa ali mbee, iye akumwetulira. Mawa lake, malaya omwewo, msuzi pamalo pomwepo. Tsiku linalo, chimodzimodzi.

Zinkandisowetsa mtendere. Ndinkasiya mbale kunyanja zosatsuka n'kuthamanga, mchenga ukundiwotcha kumapazi, kuti ndikaone ngati mwamuna wake wasintha khalidwe. Ayi ndithu. Ndinkakankha anzanga mpaka kufika kutsogolo, n'kumukuwira mayiyo pagalasi: "Auzeni azidya bwino!" Iye mano okhaokha.

Tsiku lina ndinapeza amayi akuchapa pamwala malaya a bambo, onunkha usipa.

"Amayi, mayi wa mu TV uja akuzunzika. Malaya amodzimodzi tsiku lililonse! Bwanji osangobwerera kwawo?"

Amayi anaseka mpaka sopo anawapulumuka m'manja n'kugwera m'madzi.

"Iwe, nanga amene ndikuchapawa ndi achilendo? Thamangira sopoyo asanapite ndi mafunde!"

Lero m'beseni langa muli malaya a amuna anga, omwe ndinachapa dzana lomweli, msuzi uli pachifuwa pomwe paja. Za malaya, mayi uja sankanama ayi. Bodza linali kumwetulira kuja.