Namzeze wa a Vitalis

A Vitalis a ku Mauwa anali munthu wa ulimbo. Munda ankalima mongochotsa manyazi, koma pa mbalame panalibe wowaposa. Chimene chinkawadya mumtima chinali chimodzi: mwana wawo Silvesta anapita kumigodi ya ku Joni pa Wenela, ndipo chikwerereni basi anangoti zii.

Tsiku lina m'dzinja la 1973 anamatula namzeze pa ulimbo, n'kuona kachibangili kachitsulo kumwendo kwake. Panali zolemba: KB 40718 Z. Kuwerenga sankadziwa, koma chibangili cha nambala ankachidziwa bwino. Aliyense wopita ku Joni pa kontalakiti ankavala chotero pamkono.

Anathamangira kunyumba mbalame ili m'chipewa, akuseka okha ngati aledzera.

"Amake Silvesta! Tulukani msanga! Mbalame iyi ndi ya pa kontalakiti! Yachokera kwa mwana wathu!"

A Helena, akazi awo, anasiya mtondo n'kuyamba kululutira asanaione n'komwe. Posakhalitsa bwalo linadzaza. Wina anati ndi nambala ya mgodi, wina anati ya sitima yobwerera, ndipo mayi wina wogulitsa zitumbuwa analumbira kuti ndi tsiku lofikira. Onsewatu osadziwa ngakhale chilembo chimodzi! A Vitalis ankangovomera zonse, uku akuvina tchopa popanda ng'oma.

Gulu lonse linawaperekeza mpaka kusukulu. Aphunzitsi a Kalinde anatembenuza kamwendoko, anatsinzina diso limodzi, anayesa kuwonkhetsa manambalawo, kenako anapukusa mutu.

"Bambo, kunena zoona sindikutolapo kanthu," anatero aphunzitsiwo. "Ndinangomva kuti azungu amaveka mbalame tizitsulo totere kuti adziwe kumene zimapita. Akuti anamzeze amapita kutali zedi, koma chaka ndi chaka amabwerera kwawo."

"Amabwerera, aphunzitsi?" anafunsa a Vitalis.

"Amabwerera."

Anthu anayamba kubalalika, ena akuti ndiwo ndi ndiwo, akangoiwotcha basi. A Vitalis anakhala pansi pomwepo. Zoti si uthenga wa Silvesta anamva ndithu, ndipo zinawapweteka kwambiri. Koma anatuma akazi awo mafuta a nsatsi, n'kuyamba kupukuta ulimbo nthenga imodziimodzi, iwo amene chibadwire anali asanamasulepo mbalame.

"Nayenso kwawo akumudikira," anatero, n'kutambasula manja.