Galimoto Inagwada Mbali ya NyaLongwe

Lachitatu lapitali, ndikuchokera kusukulu, ndinapeza munthu atagona chagada pansi pa galimoto ya malemu Yotamu, miyendo yokha ili panja. Ndinaima. Galimoto imeneyi yakhala pansi pa mtengo wa mango kuyambira nthawi ya maliro, ndipo m'mudzi muno, momwe ndimachita lendi kuno ku Chintheche, ngakhale nkhuku zinkaoneka ngati zikuilambalala.

Wogona pansiyo anali a Nyirenda, makaniko wa ku Mzuzu, munthu amene amayamba kudzitama asanatsegule n'komwe bokosi la masipanala. Pambali, pampando, panali ada Manda, mkulu wake wa malemuyo. Kuno bambo amati ada, mayi amati ama, zikomo amati yewu, ndipo ine mphunzitsi wochokera ku Ntcheu amangonditcha asambizi.

"Asambizi, fikani muone," anatero ada Manda. "Pali munthu wa kuloji ku Makuzi akuifuna, koma akuti sangagule galimoto yopendekera chonchi."

Kuti mumvetse chifukwa chake nkhaniyi yandikhala pakhosi sabata yonse, ndibwerere m'mbuyo pang'ono.

Yotamu ankagwira ntchito ku Joni, monga amachitira amuna ambiri a kuno. Anamwalira mwadzidzidzi chakumapeto kwa dzinja. Thupi linabwera pamsewu, ndipo kumbuyo kwake kunkatsatira galimoto yake yaikulu, yomwe ankayendetsa msuweni wake. Atafika popatukira kuchoka patala, amayi a m'mudzi anatenga mkazi wake, NyaLongwe, n'kumukweza m'galimoto ya mwamuna wakeyo, mpando wakumbuyo, chakukhomo lamanzere. Unali ulemu umenewo. Njira yolowera m'mudzi imadutsa padambo, ndipo tsikulo madzi anali odzaza.

Ndinali pasiwa pamene ankafika. Galimoto itangoima pamaso pa khamu lonse, tinamva kuti fyuu, ngati tayala likuphwa. Kenako mbali yakumbuyo kumanzere inayamba kutsika pang'onopang'ono mpaka theka la tayala linabisika. Galimoto inagwada, ndipo inagwada mbali yomwe kunali NyaLongwe.

Nyimbo inaduka. Azakhali ake a malemu anadziponya pansi.

"Wamuloza yekha! Mwana wathu wamuloza yekha amene wamupha!"

Mawa lake anailizanso kuti aone. Inadzuka pang'ono, n'kugwadanso mbali yomweyo. Basi, mlandu unathera pomwepo. Anthu anayamba kukumbukira zinthu. Wina anakumbukira kuti anamumvapo NyaLongwe akukangana ndi mwamuna wake pafoni. Wina anati pamene uthenga wa imfa unkafika, sanalire mokwanira. Kodi alipo amene amadziwa muyeso wa kulira kokwanira?

Ine ndinayesa kunong'oneza mkulu wina kuti mwina galimotoyo yangowonongeka. Anandiyang'ana mwachifundo.

"Asambizi, za kwanu ku Ntcheu n'zina. Ngati ndi kuwonongeka, bwanji sinagwade mbali ya dalaivala?"

Amati mlendo ndiye abwera ndi kalumo kakuthwa, koma kanga tsiku limenelo kanali kobuntha. Ndimaphunzitsa Chichewa ine, za m'mimba mwa galimoto sindizidziwa.

Palibe amene anamumenya NyaLongwe. Palibenso amene anatchula mawu oipa aja oti mfiti pamsonkhano wa banja. Anangomuuza mwaulemu kuti akapume kaye kwawo ku Kande. Ana ake awiri, Tamara ndi mng'ono wake Lusungu, anatsala kwa agogo awo, poti malowolo anaperekedwa ndipo ana ndi a kuchimuna. Mvula yatha, chinangwa chakumbidwa, kupuma kuja sikunathe.

Tsopano tibwerere pansi pa mango.

A Nyirenda anatifotokozera, mokweza kuti ndi odutsa amve, kuti galimoto zotere sizikhala pa masipuling'i achitsulo. Pa tayala lililonse pali thumba la mpweya, ndipo pali kompulesa yomwe imapopa matumbawo kuti galimoto ikhale yowongoka.

"Thumba labooka ili. Ndisanagwire n'komwe ndadziwa kale," anatero.

Anaitanitsa madzi a sopo, analiza galimoto, n'kupaka thumbalo ndi mapaipi ake kuti aone pomwe patuluke thovu. Sipanatuluke thovu. Anapakanso. Zii. Anamvetsera kompulesa, ikulira bwinobwino. Kudzitama kunachepa pang'ono, ndipo ndivomere kuti ndinasangalala nazo.

Kenako anatulutsa kamakina kokhala ngati foni yaikulu n'kukalumikiza kunsi kwa chiwongolero. Anandikodola kuti ndione nawo. Pagalasi panali manambala osonyeza kutalika kwa galimoto pa tayala lililonse. Matayala atatu ankanena zomwe maso athu ankaona. Lakumbuyo kumanzere linkanena kuti mbali imeneyo yakwera kwambiri, pomwe tonse tinkaiona ili chogwada.

"Ehe! Wabodza ndi uyu," anatero a Nyirenda, mphamvu zitabwerera.

Anakweza galimoto ndi jeke n'kuchotsa tayala. Kuseri kwake kunali kachinthu kakuda kosaposa bokosi la machesi, kokhala ndi kamkono kolumikizidwa ku chitsulo cha tayala. Dzina lake ndi sensa. Galimoto ikatsika kapena kukwera, kamkonoko kamasuntha, ndipo sensayo imauza kompyuta ya galimoto kuti ipope kapena itulutse mpweya. Iyi inali yong'aluka pamsana. A Nyirenda ataimasula n'kuigwedeza, munatuluka mchenga, ndipo timawaya ta polumikizira tinali titachita dzimbiri lobiriwira.

"Yang'aluka ndi maenje a ulendo wonse uja," anatero. "Kenako mwadutsa nayo m'madzi, yamwa. Ikuuza kompyuta kuti kuno kwakwera, ndiye kompyuta imatulutsa mpweya kuti iwongole. Mukanakwezamo abusa, ikanagwadabe. Mukanakwezamo thumba la usipa, chimodzimodzi."

Anaseka yekha. Sankadziwa kanthu za NyaLongwe, ndipo palibe amene anamuuza.

Ada Manda analandira kachinthuko, n'kukatembenuzatembenuza m'manja. Ndi munthu wamkulu mumpingo, wosakonda phokoso, ndipo sindikukhulupirira kuti anamuda mlamu wakeyo. Kenako anati, "Chiuta wangu," motsitsa kwambiri.

Sensa yatsopano inabwera pabasi kuchokera ku Lilongwe Lachisanu. Kuika kwake sikunatenge nthawi yoti tiyi n'kuzizira: mabawuti awiri, kamkono, kulumikiza mawaya. Chomwe chinachedwetsa n'chakuti a Nyirenda ankafuna malo osalala. Tinapita nayo pasimenti ya pomwetsera mafuta patauni, iwo n'kumayeza ndi tepi kuchoka pakati pa tayala kufika pamphepete mwa bodi, mbali zonse, n'kumauza kompyuta kuti kuwongoka ndi kumeneku. Galimoto inadzuka n'kuima chilili ngati sinalakwepo kanthu.

Apa m'pamene mtima unandipweteka, abale anga.

Taonani. Miyezi yonseyi makaniko analipo, msewu wa ku Mzuzu unalipo, mafoni tinali nawo m'matumba. Sitinamuitane pamene mayi ankalongedza zovala zake ana akuonerera. Tamuitana pamene papezeka wogula. Galimoto yopendekera sigulika, n'chifukwa chake tinafufuza. Nanga dzina la munthu likapendekera, amafufuza ndani?

Sindikunena kuti a kuno okha ndiwo amatero. Kwathu ku Ntcheu sitisiyana. Imfa yadzidzidzi imatisiya ndi funso lolemera, ndipo timafuna poti tilitule. Nthawi zambiri timalitula pa munthu amene alibe womuyankhulira pabwalopo: mkazi wokwatiwa wochokera kwina, nkhalamba yotsala yokha, mkamwini wosauka. Abale athu a ku Joni akutibweretsera zinthu zomwe sitikuzidziwa m'kati mwake, magalimoto odzipopa okha, mafoni odziyankhula okha, ndipo chinthu chikachita zachilendo, timathamangira kumasulira m'malo mofunsa kuti chimagwira ntchito bwanji.

Ndipo funso la mkulu uja, lakuti bwanji sinagwade mbali ya dalaivala, linali ndi yankho lake. Sensa ya mbali ya dalaivala inali yabwino, basi.

Koma si izi zokha zomwe zandilembetsa. Chandilembetsa kwenikweni ndi chomwe chinachitika Loweruka.

Ada Manda anabwera kunyumba kwanga m'mamawa atavala jekete. Sadziwa kuyendetsa, ine ndili ndi laisensi. Anandipempha kuti ndiwaperekeze ku Kande pa galimoto ija akatenge mlamu wawo. Ndinavomera msangamsanga. M'njira monse ndinkadziuza kuti nkhaniyi ikutha bwino, ndipo ndinali nditayamba kale kuilemba m'mutu mwanga ndi mathero osangalatsa.

NyaLongwe tinamupeza kuseri kwa nyumba ya mchimwene wake, akuyanika chinangwa chovuula pathandala. Waonda. Anatiyalira mphasa, anagwada n'kutilonjera monga mwa mwambo, ndipo funso lake loyamba linali la ana. Kodi Lusungu chifuwa chija chinatha? Kodi Tamara akupita kusukulu?

Ada Manda anafotokoza zonse. Anafotokoza bwino, za mchenga, za madzi a padambo, za kompyuta yonamizidwa. Anatulutsa sensa yakale ija m'thumba la jekete n'kuiika pamphasa.

"Mlamu, tinalakwa. Tiyeni kunyumba, ana akukufunani."

NyaLongwe sanakagwire kachinthuko. Anakayang'ana, kenako anayang'ana mlamu wake.

"Yewu, alamu, mwachita bwino kubwera. Koma ndifunse. Anthu aja anali pamaliro, mwawauza?"

"Amva pang'onopang'ono, ama."

"Tsiku lija sanamve pang'onopang'ono. Anamva onse nthawi imodzi, a mpingo, a kwaya, a ku Bandawe, a ku Joni, ana anga ali pomwepo. Lero mwabwera awiri, kuseri kwa nyumba, pa chinangwa." Anapukuta manja pachitenje. "Ndikakwera galimotoyo lero, mawa pachitsime adzati amukhululukira. Sindikufuna kukhululukidwa ine, sindinaphe munthu. Tamara akukula. Adzakwatiwa bwanji akumunena kuti ndi mwana wa uja anamuloza malemu? Imani pamaso pa anthu, azakhali ali pomwepo, munene zomwe mwandiuzazi. Tsiku lomwelo ndibwera ndekha, ngakhale wapansi."

Ada Manda anaweramitsa mutu. Anati n'zovuta. Azakhali ndi okalamba, kuwatsutsa pagulu n'kuwavula. Anati banja lingagawanike. Anati mwina tidikire nthawi yomanga manda, abale a ku Joni akadzabwera, mwina chaka chamawa.

"Ndiye ndidikira chaka chamawacho," anatero NyaLongwe. Mawu anatuluka bwinobwino, koma misozi inali ikutsika.

Ndakhala ndikulingalira ngati analakwa kukana. Pali mbali ina ya mtima wanga imene inkafuna kumuuza kuti ama, kwerani, ana ndiwo ofunika, zina zidzakonzeka m'tsogolo. Sindinanene. Ndani mwa ife amene angabwerere mwakachetechete pamalo pomwe anachotsedwa ndi mfuu?

Khalidwe limeneli tili nalo tonse, ndipo talizolowera moti sitiliona. Ponena munthu timafuna bwalo, popepesa timafuna kuseri. Mwana tikamunamizira kuba pamaso pa kalasi yonse, chinthucho chikapezeka timangomuitanira ku ofesi n'kumusisita pamutu. Wantchito tikamunyoza pamsonkhano, tikadziwa kuti sanalakwe timamutumizira kauthenga ka pafoni. Timateteza nkhope ya wamkulu amene analakwitsa, ndipo wonamiziridwa uja timamupempha kuti amvetse, akhale wodzichepetsa, asakulitse nkhani. Ulemu kwa akulu ndi chinthu chabwino, sindikutsutsa. Koma ulemu umene mtengo wake ndi ana awiri kugona opanda mayi wawo, ine wandikanika kuumeza.

Amati madzi akatayika sawoleka. N'zoona, miyezi imene NyaLongwe wakhala kutali ndi ana ake palibe angaibweze. Koma apa madziwo akutayikabe tikuona, ndipo chotsekera chake ndi mawu ochepa chabe onenedwa munthu ataimirira.

Tinauyamba ulendo wobwerera. Ada Manda ankangoyang'ana kunja, chipewa chili pamaondo. Ndinawamvera chisoni nawonso, chifukwa mutu ukakula sulewa nkhonya, ndipo iwo akuyesa kuilewa.

Titalowa m'mudzi, nkhani inali itafika kale kwa ana kuti atate aakulu apita ku Kande. Tamara anaima pakhonde, manja atapinda, ngati munthu wodziwa kale. Lusungu ndiye anathamanga. Anazungulira galimoto yonse akusuzumira pawindo lililonse, akudumphadumpha poti ndi wamfupi. Atamaliza anatsegula chitseko chakumbuyo kuti aonetsetse.

"Ada, ama atsalira kuti?"

Ada Manda anayang'ana kumbali. Mwanayo anatembenukira kwa ine, poti aphunzitsi amadziwa mayankho.

Inu mukanamuyankha chiyani?